Mukamuona Lusiya Akubwera, Mum'bweze

Amayi, kodi mwaswera bwanji kumeneko?

Kuno sitinaswere bwino, ndisakunamizeni. Ndine Felesiya, mwana wanu woyamba, uja munkati anayamba kuyankhula asanamere mano. Ndikulemba nditakhala pansi pakhonde la chipatala, msana kukhoma, chitenje chili matope okhaokha. Lusiya, mzime wanu, alowa naye m'chipinda cha opaleshoni kuti akatulutse mwana. Anamwino angoti tidikire, sanawonjezere mawu ena. Pepalali ndapempha kwa mayi wina amene akudikirira wodwala wake pano. Ndati bola manja anga agwire cholembera kusiyana ndi kugwira m'mutu.

Ndiyambe ndi pempho, nkhani zibwera pambuyo. Mukamuona Lusiya akubwera kumeneko, musamulandire. Musamuyalire mphasa, musamufunse kuti wayenda bwanji. Mum'bweze. Mukukumbuka mmene munkatibwezera kusukulu tikatulukira pakhomo nthawi isanakwane, titagwira pamimba ngati odwala? Munkangoima pakhomo la mpanda osanena kanthu, dzanja litaloza kumene tachokera. Muchite zomwezo lero. Ndikudziwa kuti mwamusowa, nayenso amakusowani, koma ife kuno tikumufuna kwambiri.

Poti akuti tidikire, ndikuuzeniko za kwathu, mwina mtima ungakhale m'malo. Chichokereni inu, mvula sinatichite chipongwe. Chimanga cha chaka chatha chinalowa m'nkhokwe mpaka kufika pakhosi, ngakhale feteleza tinathira mochedwa. Mtedza wanu wa chalimbana uja sindinautaye. Anthu akuthamangira mbewu zatsopano za kusitolo, koma ine ndinasunga wanu m'chikwatu, ndipo ndaudzala kumunda wa kuchulu kumene munkaudzala inu. Mlongo wanga Mateyu ali ndi mwana wamwamuna tsopano, makutu ake ndi a malemu bambo enieni, moti mukanaseka mpaka kugwira nthiti. Mbuzi yanu yamakani ija inaswa awiri, ndipo onse atengera amawo, sachoka m'dimba la aphunzitsi. Ku mapemphero a mphakati amakutchulanibe. Nyimbo ya Maria ija munkayambitsa inu, palibe amene amaifika pamwamba pake, timangoiimba chokwawa. Mtsikana wanga Tadala wakula, wandipitirira msinkhu. Bambo ake musawafunse, akadali ku Mchinji ndi mkazi wawo watsopano, ndipo denga langa silinadonthepo chifukwa choti iwo kulibe.

Chitseko cha ku opaleshoni chatseguka, koma si za ife. Atuluka ndi zidebe.

Za Lusiya, inu munachoka atangotengedwa kumene chitengwa kupita kwa a Gelevaziyo, kutsidya kwa dambo lalikulu, mbali ya ku Kabudula. Simunakondwe nacho chitengwacho, ndikukumbuka. Munati mwana wamkazi akadwalira kwa eni amabuula motsitsa mawu. Atsibweni anakunyengererani kuti masiku ano ndi mmene anthu akukhalira, inu n'kungoti chabwino, koma nkhope yanu sinati chabwino. Banja lake silinali loipa ayi. A Gelevaziyo ndi munthu wofatsa, sanamukwezerepo dzanja. Vuto ndi loti anapita ku Joni kukasaka ganyu mimba ya Lusiya isanaoneke. Itaoneka, anthu a m'mudzimo anayamba kuwerenga miyezi pa zala, ndipo mukudziwa kuti zala za anthu amiseche siziwerenga molondola. Lusiya anandiuzako tsiku lina pamsika wa Nsaru, akuseka, koma kuseka kwake kunali kwa pamilomo pokha.

Ku sikelo anamuuza kuti masiku akayandikira abwere kuchidikiro, azigona pafupi ndi chipatala. Ine ndinamukonzera kale ufa ndi nkhuni. Koma fodya anali atapsa m'munda, ndipo m'chigafa munkafunika manja osoka. Apongozi ake anati apita mawa. Mawalo linabala mawa linzake.

Lero m'mawa ndinali kumunda, ndikubandira chimanga, foni ili pamfundo ya chitenje. Inalira. Anali mayi wina woyandikana nyumba ndi Lusiya, amene timadziwana ku kwaya. Ankanong'ona, ndipo anati akuimba atabisala kuseri kwa bafa. Anati matenda a Lusiya anayamba dzana, mwana sakutuluka, ndipo amutsekera m'nyumba ndi apongozi ake, aNankhoma, pamodzi ndi azakhali a a Gelevaziyo. Amuna onse a m'mudzimo analawirira kumaliro kumudzi wina. Ndinafunsa kuti nanga bwanji osapita naye kuchipatala. Anati akudikira kuti atchule kaye.

Mukuzidziwa zimenezi, Amayi. Zija amanena akuluakulu, kuti mwana akakana kutuluka ndiye kuti mayi wake anayenda njira yam'mbali, ndipo mwanayo sadzatuluka mpaka mayiyo atatchula dzina la mwamuna amene anayenda naye. Ine ndinkayesa kuti zinatha kalekale, zinapita ndi agogo athu. Ndinkayesa kuti anthu opemphera kolona tsiku lililonse anazisiya. Khasu linagwa lokha m'manja mwanga.

Ndinaimbira atsibweni, mlongo wanu, poti ndiwo mwini mbumba. Anali ku Namitete. Anamvetsera bwinobwino, n'kupumira m'mwamba. Anati ndisachite zinthu mopupuluma, Lusiya ali pachitengwa, chiwongo chinaperekedwa, ndipo sitingangolowa m'mudzi wa eni n'kunyamula munthu ngati thumba la chimanga. Anati aimbira ankhoswe a kuchimuna, akambirane, andiuza. Musawakwiyire, si munthu woipa. Ndi munthu amene moyo wake wonse wakhala akuopa kulakwira anthu, ndipo lero anaiwala kuti mwana m'mimba sadikira ankhoswe.

Ndinaima pakati pa mizere ndikulira. Ndiye ndinakumvani. Sindikunena za maloto kapena mizimu, ndikunena mawu anu aja amene munandidyetsa pamodzi ndi phala. Tsiku lija nkhokwe yathu inapsa, ine nditakhala pansi ndikukuwa, munandidutsa ndi ndowa pamutu n'kunena kuti, “Lira uku ukuyenda.” Munanenanso pamaliro a bambo, munanenanso tsiku limene bambo ake Tadala ananyamula chikwama. Nthawi zina ndinkadana nawo mawu amenewo, ndinkaona ngati mulibe chisoni. Lero ndinapukuta mamina, n'kuthamangira njinga.

Msewu wa kumeneko nyengo ino si msewu, ndi phala. Pena ndinkapalasa, pena njinga ndi imene inkakwera ine. Patapata mmodzi anatsalira m'matope, sindinamufunefune. Njira yonse ndinkayankhula nanu, kaya munkamva.

Nditafika, m'mudzimo munali zii, nkhuku zokha. Chitseko cha nyumba ya Lusiya chinali chotseka, zenera lotchinga ndi chiguduli. Ndinaodira kamodzi. Wina anayankha kuti muno simulowa munthu. Ndinakankha ndi phewa.

Amayi, mwana wanu ndinamupeza pamphasa, atagonera kumbali, milomo itauma n'kuyera ngati wadya ufa. Tsitsi linali litanyowa ndi thukuta. Pambali pake panali kapu ya mankhwala akuda amene ankamumwetsa kuti matenda afulumire. Azakhali aja anakhala kumutu kwake. Ndi mayi wamkulu, wodziwika m'deralo kuti anathandizapo azimayi ambiri kuchira kale, ndipo sankakalipa ayi. Ankayankhula mofatsa, momunyengerera, ngati munthu wopatsa mwana mankhwala owawa. Ankati tchula mwanawe, upepukidwe, palibe amene akumenye, ife tikufuna moyo wako. Kufatsa kumeneko ndi kumene kunandiopsa kuposa mkwiyo. ANankhoma anali ataima kukhoma, atapinda manja, maso pansi.

Ndinagwada, n'kumugwira Lusiya pamphumi. Anatsegula maso pang'ono, anandizindikira. Mawu ake anali ang'onong'ono.

“Achemwali, ndingotchula aliyense, eti? Ndatopa ine.”

Ndinadziwa kuti akatchula, dzina limenelo lidzamutsata mpaka kumanda. Banja lake litha, mwana adzakula akulozedwa zala, ndipo mwamuna wina wosalakwa adzaitanidwa pabwalo. Ndipo atatchula, mwanayo sakanatulukabe. Ndinamuuza kuti asatchule munthu, atseke pakamwa, asunge mpweya wa ulendo.

Azakhali anandifunsa kuti ulendo wake uti. Ndinati wa kuchipatala. Anandikumbutsa, mofatsa momwemo, kuti ine ndine mlendo pamudzipo, mkaziyu ndi wa pano, eni mudzi ali kumaliro, mwamuna wake ali kutali ndipo foni yake sikugwira. Anati akafera panjira, mlandu udzakhala wa yani? Anati iwo sangalole kuti munthu atuluke m'nyumba muno nkhani isanamveke, dzina lisanatchulidwe.

Amayi, mukudziwa pakamwa panga. Munkati padzandipalamulira mlandu tsiku lina, ndipo mwina tsikulo ndi lero. Koma sindinatukwane, ndikulumbira. Mawu anatuluka owongoka.

“Ngati n'dzina mukufuna, tengani langa. Abambo akabwera kuchokera kumaliro n'kufunsa kuti wam'tenga ndani, muwauze kuti ndi Felesiya, mwana wa aNaphiri. Akafera panjira, mlandu ndi wanga. Akafera muno, ndi wanu.”

Ndinatuluka panja, ndipo pamenepo m'pamene ndinazindikira kuti ndayankhula zazikulu ndilibe chonyamulira munthu. Panjinga yamoto Lusiya sakanatha kukhalapo. Galimoto nyengo ino siwoloka dambo lija. Pansi pa mtengo wa mango panali ngolo ya apongozi ake aamuna, goli litatsamira pa tayala. Ng'ombe zinali zikadali m'khola, chifukwa amuna analawirira osazitsegulira, ndipo zinkalira ndi njala. Mayi uja wandiimbira foni anali atatulukira, ndipo anandinong'oneza kuti khola limenelo mkazi salowamo, amati ng'ombe zimapoloza. Ndinamufunsa ngati ng'ombe zofulidwa zimatenga bere. Sanaseke, inenso sindinaseke.

Mukukumbuka chaka chimene bambo anamwalira? Mateyu anali wamng'ono, chimanga chili m'munda, akuba atayamba kale kukolola. Abale a bambo ankati abwera kudzatithandiza kututa, ndipo sankabwera. M'mawa wina munamanga chitenje m'chiuno, munalowa m'khola, n'kumanga ng'ombe nokha. Anthu anaima m'mphepete mwa msewu kudzaonerera. Ena ankaseka, ena ankati aNaphiri apenga ndi umasiye. Ine ndinkayenda kutsogolo ndi chingwe, inu muli pangolo, ndipo simunatembenukire munthu. Madzulo ake munandiuza kuti ng'ombe sifunsa ngati wagwira chingwe wavala buluku kapena chitenje, imangomva ngati dzanjalo likudziwa kumene likupita. Chiyambire nthawi imeneyo sindinamangepo ng'ombe ndekha, Mateyu atakula ntchitoyo inabwerera kwa amuna. Koma maso anga anali ataona.

Ndinatapa madeya m'lichero limene linali pakhonde, n'kuchotsa mitengo ya pakhomo la khola. Ndowe zinandifika m'akakolo. Ng'ombe ziwiri zokoka ngolo ndinazidziwa ndi zipsera za goli pakhosi, ina yakuda, ina yamawanga. Koma ng'ombe za eni, Amayi, si zako. Sizinkandidziwa. Yamawanga inatsitsa mutu n'kupalasa pansi, nyanga zake zitaloza pamimba panga. Ndinabwerera mpaka msana unagunda mpanda. Inu munkati ng'ombe uziyamba waitchula dzina, imve kuti si iwe wakuba. Ine maina sindinkawadziwa. Ndinafunsa mayi uja, anati sadziwa. Ndinafunsa mokweza, kuti aliyense amve. M'nyumba Lusiya anabuula, ndipo ine ndinali nditaima m'ndowe ndi madeya m'manja ngati chitsiru.

Mawu anachokera pakhomo la nyumba. Anali aNankhoma, apongozi ake aja amene chifikire changa anali asanatsegule pakamwa.

“Yakudayo ndi Bantomu, muyambe ndi imeneyo. Yamawangayo ndi Kapiteni, musaidzere kutsogolo. Imatsata inzake.”

Ndinaitana Bantomu, n'kuitambasulira madeya. Inanunkhiza, inanyambita. Ndinaikanda palinunda monga munkachitira inu, n'kuikoleka chingwe. Itatuluka, Kapiteni anatsatira yekha, akupumira m'mphuno. Goli ndi lolemera, Amayi, simunandiuzepo. Tinalinyamula awiri ndi mayi uja. Ndinalowetsa zikeyi, timitengo ta m'goli tija, ndinamanga zingwe kunsi kwa khosi, poyamba molakwika, kachiwiri bwino. Potembenuka ndinaona aNankhoma atayala kale matiresi m'ngolo. Tinamunyamula Lusiya atatu. Azakhali anaima pakhomo n'kunena kuti iwo asamba m'manja. ANankhoma anakwera m'ngolo, n'kuika mutu wa Lusiya pamiyendo pawo.

Chitseko chatsegukanso. Namwino wadutsa mothamanga atanyamula thumba la magazi. Sanatiyang'ane. Amayi, imani pakhomo paja, musachokepo.

Ndipitirize, ndikaleka kulemba ndiyamba kukuwa. Tinayenda bwino mpaka padambo. Mvula inayamba kuwaza, tinamufunditsa Lusiya pepala la pulasitiki lofolera fodya. Pakati pa dambo, pamene ngolo zonse zimadutsa, matayala analowa mpaka theka. Ndinakuwa maina a ng'ombe, zinakoka, goli linalira, ngolo sinasunthe. Ndinatsika, madzi m'mawondo, ndinakoka chingwe kutsogolo. Kapiteni anagwada. Ndinamenya ng'ombe ya eni, Mulungu andikhululukire, koma sinadzuke.

Ndiye ndinazindikira kuti m'ngolo muli chete. Njira yonse Lusiya ankabuula, ndipo kubuulako kunkandilasa, koma tsopano anali atasiya. Ndinafunsa aNankhoma ngati akupuma. Anaika khutu pakamwa pake nthawi yaitali, n'kugwedeza mutu kuti inde, pang'ono. Pamenepo ndinaganiza za mawu anga aja, akafera panjira mlandu ndi wanga. Kunena n'kosavuta uli pakhomo pouma. Ndinaona atsibweni, ndinaona a Gelevaziyo akutsika basi, ndinaona bwalo lonse likundiyang'ana. Ndinaopa, Amayi. Sindinaopepo chotere chibadwire.

Kumtunda kwa dambo kunali azimayi akupalira mtedza. Sindikuwadziwa, si a mudzi wathu, si a mpingo wathu. Ndinakweza manja n'kukuwa kuti kuno kuli wapakati. Sindinanene zambiri. Anaponya maso kamodzi, n'kutsika onse ndi makasu awo, wina ali ndi mwana kumsana. Sanafunse kuti ndine yani, kaya ngolo ndi ya yani, kaya amuna ali kuti. Awiri anakumba matope kutsogolo kwa matayala, ena anazula udzu ndi mapesi akale n'kuponyamo. Mayi wina wachikulire, wopanda mano akutsogolo, anapita kwa Kapiteni n'kumupotokola mchira, ng'ombe inadzuka ngati yalumidwa ndi mavu. Onse anaika mapewa kumbuyo kwa ngolo. Mayi wachikulireyo anandiuza kuti, “Kokani, mayi, ife tili pambuyo.”

Ndinakoka. Ngolo inatuluka ndi phokoso ngati mwendo wozuka m'thope. Pofika kumtunda ndinacheuka kuti ndithokoze, koma anali atatola kale makasu, akubwerera kumtedza wawo. Mmodzi yekha anakweza dzanja.

Pachipatala pano sanatichedwetse. Atangomuona Lusiya anabwera ndi bedi lamatayala. Namwino wamkulu anamupima, nkhope yake inasintha, n'kufunsa kuti matenda anayamba liti. Nditanena kuti dzana, anandiyang'ana, ine n'kuyang'ana pansi ngati ndine ndachedwetsa. Kenaka anafunsa kuti mwini wodwalayu ndani, woti avomereze opaleshoni. Ine ndi aNankhoma tinayang'anana. Moyo wathu wonse funso limeneli limayankhidwa ndi amuna. Ndinati ndine.

Ndiye tili pano. ANankhoma akhala kumapeto ena a khonde, kolona m'manja, milomo ikuyenda. Chifikire sitinayankhulane. Ndikawayang'ana mtima umandiwira, chifukwa masiku onsewa anali m'nyumba muja akuonerera mwana wa mnzawo akutha. Komanso ndi iwo amene ananditchulira ng'ombe. Sindikudziwa kuti ndiwaike pati. Foni yanga yalira kangapo, ndi atsibweni, sindinayankhe. Ng'ombe ndazimangirira pamtengo kunja kwa mpanda.

Mayi wandipatsa pepalayu wamva nkhani yathu, ndipo akuti ndine mkazi wolimba mtima. Ndamuuza kuti asandinamize. Wolimba mtima saopa chonchi. Koma ndikakhala pano ndikuganiza za inu, ndikuona kuti nanunso munkaopa. Tsiku lija la ng'ombe ndinakuonani, mutatsika pangolo munakakhala kuseri kwa nkhokwe nthawi yaitali, manja ali pankhope. Ndinkayesa kuti ndi kutopa. Ife akazi amatiphunzitsa kuyambira tili ana kuti tizidikira, kudikira bambo, kudikira atsibweni, kudikira ankhoswe, ndipo wodikira bwino ndi amene amatchedwa waulemu. Inu ulemu munali nawo, munkagwadira akulu, simunatukwanepo munthu. Koma moyo wa munthu ukakhala pangozi simunkapempha chilolezo. Mantha munkawanyamula n'kupita nawo kumene mukupita, monga mmene timanyamulira mwana wolira kumsana. Ndi zokhazo zimene ndachita lero, ndipo ngati zalakwika, zalakwika ndili panjira.

Akuitana. Akuti abale a Lusiya.

Amayi, ndabwera. Cholembera chikuterereka m'manja, mundikhululukire zilembo.

Namwino wamkulu uja anatuluka atavula chophimba pakamwa. Ine ndinamumvera nditagwada. Anati mwana ndi wamkazi. Anachedwa kulira, anavutika naye, koma walira. Lusiya wataya magazi ambiri ndipo akumuwonjezera ena, koma chiberekero sichinang'ambike, ndipo watsegula maso. Anati tikanachedwa pang'ono tikananyamula maliro awiri. Ine ndinafunsa chimene chinamutsekereza mwanayo, ndipo ndinafunsa mokweza dala. Anati anagona chopingasa m'mimba, phewa ndi limene linali pakhomo. Mwana wogona chotero satuluka yekha, ngakhale mutadikira mpaka liti.

Namwino atalowa, ndinatembenukira kwa aNankhoma. Ndinali nditakonza mawu, Amayi, mawu akuthwa amene ndinawanola njira yonse. Ndinawapeza atakhala pansi pasimenti, miyendo yotambasula, kolona itagwa pambali. Sankalira. Anandikoka chitenje kuti ndikhale, ndipo anayankhula osandiyang'ana.

“Ine ndinatchula. Pa mwana wanga woyamba. Ndinatchula munthu woti sanandigwirepo ngakhale dzanja. Mwana anapitabe.”

Anati chiyambire tsiku limenelo akhala m'mudzi muja ndi dzina limene si lawo, ndipo amuna awo amawakumbutsa akaledzera. Zaka zonsezi ankaganiza kuti mwina anachedwa kutchula, n'chifukwa chake mwanayo anafa. Ndiye Lusiya atayamba kuvutika, iwo ankangopemphera kuti atchule msanga. Anandifunsa ngati n'kutheka kuti wawonso uja anangogona chopingasa. Ndinati n'kutheka. Pamenepo m'pamene analira, kulira kwa munthu amene wasunga misozi kuyambira ine ndisanabadwe. Mawu anga akuthwa aja sindikudziwa kumene anapita. Ndinawagwira dzanja, lolimba ndi khasu ngati lanu.

Atilola kumuona Lusiya pang'ono. Ali ndi machubu m'mikono, nkhope yatupa, koma ndi iyeyo. Mwana ali m'chipinda china, akumuthandiza kupuma, ndamuonera pagalasi. Ndi wamng'ono, wakwinya nkhope ngati wina wamulakwira, ndipo chibwano chake ndi cha a Gelevaziyo, aliyense wa zala zowerenga miyezi abwere adzaone. Ndinawerama pa Lusiya kuti ndimuuze kuti mwana ali moyo. Iye anayendetsa milomo, ndinaika khutu.

“Achemwali, sindinatchule munthu.”

Ndinati ndikudziwa, mwana wa amayi. Ndinati wagwira ntchito yoposa ya ife tonse. Ine ndinangomanga ng'ombe, iye ndi amene anakhala masiku onse aja pamphasa, ululu ukumudula pakati, akulu akumunyengerera, n'kusunga pakamwa pake.

Nkhani sinathe, ndikudziwa. Ndatenga ng'ombe za eni, ndalowa m'khola loletsedwa, ndanyamula mkazi wa pachitengwa popanda mawu a amuna. Ankhoswe adzakhala pansi, atsibweni adzandiyang'ana ndi maso awo achisoni aja. Ndidzapita, ndidzagwada monga munandiphunzitsira, ndipo akadzafunsa kuti anachita zimenezi ndani, ndidzatchulanso dzina lomwelo. ANankhoma akuti adzakhala pambali panga, ndipo akuti ali ndi mawu awo amene akhala akudikira bwalo kwa nthawi yaitali.

Tsono pindani mphasa, Amayi. Lusiya sakubwera. Zikomo poima pakhomo paja.

Ndikulonjezani chinthu chimodzi. Tikangotuluka muno, Tadala ndikamulowetsa m'khola la Mateyu, akaphunzire kunyamula goli ndi kumanga zingwe, anthu aseke ngati akufuna. Kamtsikana kali pagalasika kakadzakula, nakonso ndidzakaphunzitsa, ndipo ndidzakauza kuti anayambitsa ndi agogo ake aNaphiri. Panopa ndisiyire pomwepa, ndikapemphe ndowa. Bantomu ndi Kapiteni sanamwe madzi chiyambire m'mawa.

Ndimakukondani, Amayi, lero kuposa masiku onse.

Ndine mwana wanu,
Felesiya